Miyezi Imene Sindinkathira Mchere

Mwana wanga woyamba anabadwa chaka chimene m'masitolo a mu Mutare munali mashelefu okhaokha. Tinkakhala ku Hobhouse, m'zipinda ziwiri za kuseri kwa nyumba ya mayi wina wachishona. Tinalipo atatu: ine, bambo a mwanayo, ndi apongozi anga aakazi. Tonse tinachokera kumafamu. Ine ndinabadwira pafamu ya fodya cha ku Odzi, iwo ankakhala pafamu ya mitengo kumapiri uko, ndipo makolo athu anali ochokera ku Malawi, dziko limene ineyo mpaka lero sindinalipondemo. Mafamu atatengedwa ntchito inatha, nyumba za kukomboni anatiuza kuti si zathu, aliyense analowera kumene anali ndi m'bale. Ndi mmene tinapezekera m'tauni.

Amayi anga ondibereka anali munthu wa tchalitchi kwambiri, ndipo zambiri za makolo anazisiya ine ndisanabadwe. Anamwalira ndili mtsikana. Choncho ndinalowa m'banja ndikudziwa kuphika, kuchapa ndi kusankha fodya, koma za mchere ndinkangodziwa kuti umathiridwa m'ndiwo, basi.

Patapita masiku asanu ndi limodzi nditachira, ndinamva kuti mphamvu zayamba kubwerera. Apongozi anali kumsewu, kumene ankagulitsa tomato ndi mtedza wokazinga. Sabata yonseyo ankandiphikira, kundichapira matewera, kunditenthetsera madzi osamba, ndiye ndinati lero lokha apeze zapsa. Ndinaphika repu wothira tomato, n'kuikamo timatemba tochepa timene bambo a mwana anabwera nato. Chaka chimenecho ndiwo ngati zimenezo zinali za pa Khirisimasi.

Atafika anavundukula poto n'kununkhiza.

"Zanunkhira bwino. Bweretsani mchere ndithire."

"Ndathira kale, amayi."

Anabwezera chivundikiro pang'onopang'ono, ngati m'potomo muli njoka.

"Wathira ndani?"

"Ndathira ine."

"Ndi dzanja lanulo?"

Ndinayang'ana dzanja langa. Linali loyera bwinobwino.

"Mayo ine! Kodi amayi anu anakulerani ndi nyimbo za kwaya zokhazokha?"

Anandikhazika pamphasa n'kundiuza. Mkazi amene wangochira kumene, kapena amene ali kumwezi, sathira mchere m'chakudya cha anthu ena. Akathira amawadula. Wodulidwayo amatupa miyendo ndi nkhope, amatsokomola, chifuwa chimamubaya, kenako amapita. Nthendayo dzina lake ndi mdulo. Anati ndidikire mpaka mwana adzatengedwe, ndiye kuti tsiku limene ine ndi bambo ake tidzabwerere pamphasa imodzi monga mwa mwambo, ndipo tsikulo wonena anali iwowo. Iwo, poti anali atakalamba, thupi lawo linali lozizira, mchere akanatha kuthira nthawi iliyonse. Mwana wamng'ono nayenso amathira. Ena onse ankawakayikira, pakuti sungadziwe kumene munthu wagona.

"Ndiye ndiwozi titaye?" ndinafunsa.

"Titaye matemba? Mwapenga? Mudya nokha. Wothira sadzidula yekha."

Ndinadyadi ndekha, masiku awiri athunthu. Madzulo a tsiku loyambalo iwo ndi mwana wawo anadyera nsima ndi peyala, ine ndili pambali ndi mbale yanga ya matemba. Bambo a mwana maso anali pambale yangayo.

"Amayi, koma zimenezi n'zakale," anatero.

"Zakalezo ndi zimene zakukulitsa mpaka kumera tindevu timeneto. Idya peyala lako."

Kuyambira tsiku limenelo ntchito tinagawana. Kuphika kunali kwanga, mchere unali wawo. Ankausunga m'chitini cha jamu pamwamba pa kabati. Akamachoka m'mawa, ngati ndiwo zili pamoto, ankatsinako n'kuwaza. Koma masiku ambiri ndiwo zinkapezeka iwo atachoka kale. Ndiye ndinkaphika, n'kukulunga poto m'nsalu, chitini cha mchere m'thumba la diresi, mwana kumsana, ulendo wa kumsewu. Amayi ogulitsa nawo akangondiona ndikutulukira pakona ankayamba kuseka.

"Ambuya, muroora wenyu auya nepoto!" Ndiye kuti mpongozi wanu wabwera ndi poto.

Apongozi ankangopukuta dzanja pachitenje, kutsina mchere, kuwaza, kuvundula, kulawa pachikhatho, n'kunena kuti, "Zakolera. Pitani, mwanayo dzuwa lingamuwotche." Ine n'kubwerera ndi poto wanga.

Ndisaname, masiku oyamba manyazi ankandigwira. Mayi eni nyumba anandifunsa tsiku lina pachingwe choyanikira zovala kuti, "Saka munyu chete? Ko shuga?" Ankafunsa ngati choletsedwa ndi mchere wokha, nanga shuga. Ndinati shuga alibe mlandu. Anaseka mpaka kugwira bondo, n'kunena kuti anthu a ku Malawi tili ndi malamulo ambiri kuposa khonsolo. Nanenso ndinaseka nawo. Koma mumtima sindinkaona cholimbanirana. Munthu wondichapira matewera a mwana wanga, akandipempha kuti ndisagwire chitini chimodzi m'nyumba monse, ndingakane bwanji?

Mtedza wogulitsa tinkakonzera limodzi masana. Ine ndinkasenda ndi kukazinga m'chiwaya, iwo n'kumawaza madzi amchere mtedzawo uli pamoto, mpaka uyere mbuu. Apa ndi pamene ankandikonza chilankhulo. Ine ndinakulira pakati pa ana achishona, ndiye pakamwa panga pankatuluka mawu akuti munyu ndisanaganize n'komwe.

"Munyu ndi wa eni nyumba," ankatero. "M'zipinda ziwiri zino muli mchere."

Mawu a mchere anali nawo ambiri, ndipo sankathera m'poto. Ndiwo zimene mchere wake uli bwino ankati zakolera. Ukachuluka ankati zawawa. Ukachepa ankati n'zosukuluka, zodyera chifundo. Ndiye tikamachokera kutchalitchi ndinkawamva akuti, "Ulaliki wa lero sunakolere, abusa angotimwetsa madzi." Mtsikana wa nyumba yoyandikana nafe akadzola zofiira pamilomo ndi m'masaya momwe, ankati, "Uyu lero wawawa." Munthu wonena nkhani mowonjezera ankamudula pakamwa kuti, "Chepetsani mchere, tidye nawo." Ine ndinkaganiza kuti ku Malawi konse amalankhula choncho. Pambuyo pake ndinakumana ndi amayi ena obwera kumene kuchokera ku Dedza, ndipo anandiuza kuti zina amazidziwa, zina n'za apongozi anga okha.

Tsiku lina tikusenda mtedza anandiuza chimene chinkawachititsa mantha. Sanandiyang'ane, maso anali m'lichero. Anati bambo a mwana wanga sanali mwana wawo woyamba. Analipo wina, wamkazi, amene anafika poyenda ndi kuitana dzina la galu. Chaka china cha njala pafamu paja mwanayo anayamba kutupa mapazi, tsitsi n'kufiira, kenako anamwalira. Amayi akuluakulu a kukomboni anakhala pansi n'kugamula kuti ndi mdulo, ndipo wodula ndi make, wathira mchere ali kumwezi.

"Munathiradi?" ndinafunsa. Sindikudziwa kumene ndinatenga kulimba mtima kofunsa.

"Sindikumbuka," anatero. "Zaka zonsezi ndayesa kukumbukira, sindikumbuka. Ndinali mwana ngati inuyo, wondiuza panalibe."

Kusikelo anesi anali atatiphunzitsa kuti mwana wotupa mapazi ndi wofiira tsitsi amakhala kuti chakudya chikumuperewera m'thupi. Ndinatsegula pakamwa kuti ndinene, koma ndinatsekanso. Ndinaona kuti tsiku limenelo silinali lake.

Mvula itayamba, mipopi inauma. Sabata yathunthu osadontha n'kamodzi komwe. Anthu anayamba kutunga m'zitsime zokumba pamanja kumunsi kwa nyumba, kumene madzi a m'mapaipi ophulika a zimbudzi ankadutsanso. Kenako tinayamba kumva kuti ku Sakubva anthu akutsekula m'mimba, ndipo ena akumwalira tsiku lomwelo. Posakhalitsa nthendayo inalowa mumsewu wathu. Anthu anasiya kupatsana moni wa m'manja, pamaliro osaphika. Ine madzi akumwa ndinkawiritsa, ngakhale nkhuni zinali zovuta. Koma apongozi tsiku lonse ankakhala kumsewu, ndipo ludzu likawagwira ankamwa amene apezeka.

Nthawi imeneyo ntchito ya bambo a mwana ku Paulington, kumene ankacheka matabwa, inali itaima. Anayamba kuwoloka malire kupita ku Mozambiki kukasenza mpunga, sopo ndi mchere wamiyala, n'kumadzagulitsa kuno. Akapita ankatha masiku atatu. Ananyamuka Lachiwiri. Lachitatu m'mawa, mwana ali ndi masabata asanu, ndinaona kuti dzuwa lakwera koma apongozi sanatulutse tebulo lawo la tomato.

Ndinawapeza atagona pamphasa m'chipinda chawo, chitenje chitanyowa. Anati kuyambira m'bandakucha apita kuchimbudzi kasanu, ndipo kachisanu ndi chimodzi miyendo yakana. Zimene zinkatuluka zinali zoyera ngati madzi otsukira mpunga. Maso anali atalowa m'kati. Mawu awo aja, omveka kuchokera kumsewu mpaka kunyumba, anali atasanduka kamphepo.

Ndinadziwa chimene chinali. Ndinadziwanso chochita, pakuti kusikelo ankatibwerezetsa mwezi ndi mwezi ngati ana a sukulu, ndipo kuseri kwa khadi la mwana anajambulako: botolo la sikwashi lodzaza madzi owiritsa, masupuni aang'ono asanu ndi limodzi a shuga, theka la supuni yaing'ono la mchere. Munthu wotsekula chotere amafa ndi kuuma m'thupi, ndipo kuti akafike kukiliniki ali moyo ayenera kumamwa madzi amenewa.

Mayi eni nyumba anali atapita kukaima pamzere wa ufa kutauni. Anzathu ochita lendi m'chipinda cha kutsogolo analinso atachoka. Ndinagoneka mwana pabedi pathu, kutseka chitseko, n'kusamba m'manja ndi sopo. Madzi owiritsa analipo a dzulo lake. Shuga analipo pang'ono m'kapepala, amene apongozi omwewo anandibisira kuti ndizithira m'phala mkaka uzituluka. Ndinayeza masupuni asanu ndi limodzi. Kenako ndinaima patsogolo pa kabati.

Sindinaime nthawi yaitali. Ndinatsitsa chitini, kuphwanya timiyala ta mchere ndi botolo pambale, kuyeza theka la supuni, kuthira, kukhutchumula. Ndinalawa. Sanapose misozi kuwawa kwake, monga anesi ankanenera.

Ndinawadzutsa n'kuwatsamiritsa pakhoma, n'kuwaikira kapu pamilomo. Ludzu linali litawapha, anamwa kamodzi mwachangu. Kenako anaima, madzi ali m'kamwa. Analavulira pambali.

"Muli mchere."

"Eya, amayi. Ndi mankhwala ake."

"Wathira ndani?"

Panjira yochokera kukabati kufika pamphasa paja ndinali nditakonza bodza. Ndikanati wathira mwana wa nyumba yoyandikana nafe. Koma atandiyang'ana ndi maso olowa aja, bodzalo linakana kutuluka. Ndiponso ndinadziwa kuti akadzazindikira, palibe chochokera m'manja mwanga chimene akanadzadyanso.

"Ndathira ine."

Anatseka pakamwa, n'kutembenukira kukhoma.

"Amayi, imwani. Mukapanda kumwa simufika masana."

"Nthenda imodzi yandikwana. Mukufuna mundisenzetse ziwiri?"

"Iyi ikupha lero. Mdulowo tidzauona mawa."

"Ndipatseni madzi okha."

Ndinawapatsa madzi okha. Anamwa, koma pasanathe nthawi anasanza onse, ndipo m'mimba munatsekukanso pomwepo. Ndinawapukuta, kuwasintha chitenje, kuthira phulusa pansi, kusambanso m'manja mpaka m'zigongono. Mwana anali atayamba kulira kuchipinda chathu. Ndinamusiya alire.

Ndinathamangira kumpanda n'kuitana mayi wa nyumba yoyandikana nafe. Anatuluka, koma atamva kuti n'kutsekula m'mimba anabwerera m'mbuyo masitepe awiri. Ndinamupempha kuti andibwereke kamwana kake kamodzi, kangothira mchere m'botolo, ngakhale pampanda pomwepo. Anandiyang'ana ngati ndapempha mutu wa mwanayo. Anakokera ana ake m'nyumba n'kutseka chitseko. Sindimuimba mlandu. Nanenso wanga ndinali nditamutsekera.

Ndinabwerera n'kuyang'ana m'kapepala ka shuga. Otsala anali okwana botolo limodzi, mwina ndi theka. Ndikalakwitsanso, basi.

Ndiye ndinanyamula zonse n'kupita nazo pamphasa pawo: botolo lina la madzi owiritsa, shuga, mbale ya mchere wophwanya uja, ndi supuni. Shuga ndinathira iwo akuona, ndikuwerenga mokweza.

"Tsopano mchere thirani nokha, amayi. Theka la supuni. Musadzaze."

Anandiyang'ana kanthawi, kenako anatambasula dzanja. Koma nthendayi imakoka mitsempha. Zala zawo zinali zitapindikira m'kati ngati phazi la nkhuku yophika, khungu litakwinyika ngati achapa tsiku lonse. Anagwira supuni, anatapa, koma asanafike pakamwa pa botolo dzanja linanjenjemera, supuni inagwa, mchere n'kumwazikira pamphasa. Anayesanso kachiwiri. Ulendo uno ngakhale kuitola supuniyo analephera.

Anatsamira khoma n'kutseka maso.

"Zisiyeni," anatero. "Mwana wanga akabwera mumuuze kuti nsalu yanga yabwino ili pansi pa sutukesi."

"Mudzamuuza nokha."

Ndinatola supuni, kuitsuka, n'kuilowetsa pakati pa zala zawo zopindikazo. Ndinawapinda chala chachikulu kuti chipanikize. Kenako ndinaika dzanja langa pansi pa mkono wawo, pamwamba pang'ono pa pamene amavala chibangili, n'kuunyamula.

Anatsegula maso. "Mukutani?"

"Ndakugwirani inu. Mchere sindinaugwire. Supuni ili m'manja mwa ndani?"

Anayang'ana zala zawo.

"Ili m'manja mwa ndani, amayi?"

"Mwanga."

"Nanga munthu wangochira kumene saloledwa kugwira mkono wa apongozi ake? Zimenezo simunandiuze."

Pakamwa pawo pouma paja panagwedezeka. Ndinaganiza kuti akufuna kusanzanso, koma kunali kuseka, kopanda mawu.

"Inu," anatero, "anakulakwirani amene anakusiyitsani sukulu. Mukanakhala loya."

"Tapani."

Tinatsitsa mkono limodzi mpaka pambale. Supuni inatapa wambiri. Ndinati gwedezani pang'ono, ndipo kunjenjemera kwawo komweko kunagwetsa wapamwamba, n'kutsala theka. Tinakweza pang'onopang'ono, ine ndikupuma ngati ndasenza ndowa, mpaka pakamwa pa botolo. Kupendeketsa kokhako ndinawasiyira. Ndinangoletsa mkono kuti usagwe, iwo n'kupotoza dzanja. Mchere unatsetserekera m'madzi.

"Wathira ndani?" ndinawafunsa.

"Musandichititse chipongwe ndikufa. Khutchumulani."

Anamwa. Kapu yoyamba anasanza. Ndinadikira pang'ono monga anatiphunzitsira, n'kuyambanso ndi supuni, kamodzikamodzi, osapumira nthawi yaitali. Yachiwiri inakhala. Pakati pake ndinkathamanga kukasamba m'manja, kuyamwitsa mwana mphindi zochepa nditaimirira, n'kubwereranso. Botolo loyamba lija, lothira ine, ndinalibisa kuseri kwa chitseko kuti lisawasokoneze maso.

Dzuwa litatsala pang'ono kufika pamutu ndinamva geti likulira. Anali mayi eni nyumba, wabwera chimanjamanja, ufa unatha mzere usanafike pa iye. Atasuzumira pakhomo n'kuona mmene zinalili, sanafunse zambiri. Anakuwa kuti, "Mwari wangu, ambuya!" n'kuthamangira kuseri kukatulutsa wilibala ya malemu mwamuna wake. Tinayalamo makatoni ndi bulangete, tinavala mapepala a pulasitiki m'manja, n'kuwanyamula. Anali opepuka ngati mtolo wa mapesi.

Mayiyo ankakankha, ine ndikuyenda pambali, mwana kumsana, botolo m'manja. Tikayenda pang'ono tinkaima kuti amwe. Msewu unali wa maenje odzaza madzi a mvula, ndipo wilibala ikagwera m'dzenje apongozi ankabuula. Tikudutsa pamalo awo ogulitsira, anzawo aja anaimirira onse, manja pakamwa. Apongozi anatukula mutu pang'ono.

"Muwauze asandikhalire pamalo panga," anandinong'oneza.

Apo ndi pamene ndinayamba kukhulupirira kuti mwina achira.

Kukiliniki anali atamanga matenti panja. Pageti anatipondetsa m'madzi a mankhwala ndi kutisambitsa m'manja. Anesi awiri anawanyamula n'kuwagoneka pabedi loboola pakati, lokhala ndi ndowa pansi. Mmodzi, wachikulire, anatsina khungu la pamimba pawo, n'kuona mmene likubwerera mochedwa. Kenako anaona botolo m'manja mwanga, litatsala pang'ono kutha. Analitenga, kudonthezera pachikhatho n'kununkhiza, ndipo anafunsa m'Chishona kuti wasakaniza ndani, chifukwa ambiri amafika osamwa kanthu, ena atamwa amchere wokhawokha.

Ndisanatsegule pakamwa, mawu anachokera pabedi.

"Ndini."

Anesi aja anayang'ana zala zopindika zija, n'kuyang'ana ine. Ine ndinayang'ana pansi.

"Makagona, ambuya," anatero, kutanthauza kuti achita bwino. Anawabaya diripi, ine n'kundithamangitsa kuti khanda lisakhale pamalo amenewo.

Ndinabwerera kunyumba, kuwiritsa madzi, kuchapa zonse ndi mankhwala amene anandipatsa, mphasa n'kuitentha. Nditamaliza ndinazindikira kuti kuyambira m'mawa sindinaike kanthu m'kamwa. Ndinatenga botolo la kuseri kwa chitseko lija n'kumwa lonse nditakhala pakhonde. Shuga ameneyo sakanatayika.

Bambo a mwana anafika Lachisanu, thumba la mpunga pamutu, mapazi atatupa ndi ulendo. Nditawafotokozera anakhala pansi pakhomo pomwepo osavula nsapato.

"Bwanji sunangowanamiza? Ukanati wathira mwana wa apo."

"Mukanakhala inu mukanawanamiza?"

Anaganiza. "Akanandigwira," anatero. Anamwa madzi n'kuthamangira kukiliniki.

Apongozi anatuluka patapita masiku anayi. Anabwera akuyenda okha, atagwira phewa la mwana wawo, masaya atalowa, koma mawu atayamba kubwerera. Amayi a kumsewu anabwera kudzawaona, atakhala patalipatali pabwalo. Ine ndinali m'nyumba ndikuyamwitsa, ndipo ndinkamva zonse pawindo. Anawafotokozera mmene anadzukira m'bandakucha, mmene miyendo inakanira, mmene anaitanitsira botolo ndi supuni n'kudzisakanizira okha mankhwala, mpaka anesi kuwayamikira pamaso pa anthu. Ine m'nkhaniyo ndinali wotunga madzi. Mayi eni nyumba anasuzumira pawindo langa n'kukweza nsidze. Ndinamugwedezera mutu kuti azisiye.

Alendo atapita anandiitana. Bambo a mwana anali pakhomo akukonza nsapato. Apongozi anatenga mdzukulu wawo n'kumuika pamiyendo, kumuyang'ana m'maso, kumutsina timapazi.

"Botolo loyamba lija munatani nalo?"

"Ndinamwa."

"Lonse?"

"Lonse."

"Mwachita bwino. Shuga ndi wovuta." Anasisita mutu wa mwanayo. "Ine ndinkati tidikire miyezi inayi, monga anandichitira ine. Koma m'tenti muja ndinagona n'kumaganiza. Nyumba yokhala ndi dzanja limodzi lothira mchere yandiopsa. Likanakhala khandali lodwala, ine ndili kumsewu, mukanatani?"

Yankho ankalidziwa, ndipo sanafune kulimva.

"Mwanayu walimba," anatero. "Khosi laima, akuyang'ana anthu. Loweruka likubwerali atengedwe. Mawa ndikuuzani zochita, inu panokha, uyo payekha." Anakweza mawu kuloza pakhomo. "Wamva, iwe? Loweruka usapite ku Mozambiki. Uli ndi ntchito kuno."

Bambo a mwana anaimirira, nsapato imodzi kuphazi ina m'manja, n'kunena kuti akukaona ngati mpopi wayamba kutuluka madzi. Mpopiwo unali utauma mwezi wathunthu. Ine nkhope inatentha, ndinakwirira mutu m'chitenje. Apongozi anaseka mpaka kutsokomola, mwana n'kudzidzimuka pamiyendo pawo n'kuyamba kulira, iwo n'kumamuuza kuti, "Tonthola, tonthola, si za iwe izi. Ndi za akuluakulu amanyazi awa."